Momwe mungagwetsere mvula m'botolo kuti muone mmene imapangikira

Pezani botolo lagalasi la kukamwa kwakukulu, madzi otentha, mbale yachitsulo, madzi oundana ndi machesi. Ngati mukuchita ndi ana, madzi otenthawo ndi machesi agwire ndi munthu wamkulu.

Choyamba, thirani madzi otentha m'botolo, osadzaza, angofika cha m'munsi mwa theka. Asakhale owira, galasi lingasweke. Madziwa akuimira nyanja ndi nthaka yonyowa zimene dzuwa limatenthetsa mpaka kutulutsa nthunzi.

Kenako yatsani machesi, muwazimitse, utsi pang'ono ulowe m'botolo, n'kuvundikira msanga ndi mbale ija. Musadumphe gawo ili. Nthunzi sisanduka madzi mosavuta mumpweya woyera, imafuna kanthu koti ikakamirepo. Kumwamba ntchitoyi imagwiridwa ndi fumbi, utsi ndi timchere touluka kuchokera m'nyanja zikuluzikulu.

Tsopano ikani madzi oundana pa mbale. Posakhalitsa m'botolo muchita chifunga. Mtambo wanu ndi umenewo. Kumwamba kulibe mbale yozizira, koma mpweya ukamakwera umafutukuka n'kuzizira wokha, ndipo kawirikawiri kutentha kumatsika ndi madigiri pafupifupi 6.5 pa kilomita iliyonse. N'chifukwa chake mvula imakonda mbali ya phiri imene mphepo imaombako, poti phirilo limakankhira mpweya m'mwamba.

Apa dekhani, muziyang'ana kunsi kwa mbale. Timadontho tiziunjikana, tiziphatikizana, mpaka limodzi lilemere n'kugwa. Mumtambo weniweni kadontho kamakhala ka mamilimita pafupifupi 0.02, kopepuka moti kamangoyandama, pamene dontho la mvula limafika mamilimita 2. Kuti dontho limodzi lotere lipangike pamafunika timadontho pafupifupi 1 miliyoni. Mukaganizira zimenezi simudabwanso kuti mitambo yambiri imangodutsa osagwetsa kanthu.

Chimene botolo silingakuonetseni ndi chakuti mvula yambiri imayamba ili youndana. Pamwamba pa mitambo italiitali pamazizira kwambiri, komabe timadontho tina timakhalabe madzi mpaka madigiri 40 pansi pa ziro. Pakapezeka kachidutswa koundana, kamakoka nthunzi n'kumakula msanga pamene timadontho toyandikana nako tikuuma. Katswiri wa zanyengo wa ku Sweden, Tor Bergeron, anafotokoza zimenezi m'zaka za m'ma 1930. Kachidutswako kakamagwa n'kupeza mpweya wofunda, kamasungunuka n'kufika pansi ngati mvula. Mpweya ukakhala wozizira mpaka pansi, kamafika osasungunuka, ndiye chipale chofewa chija, chimene tizidutswa take timakhala ndi nsonga 6.

Matalala ali ndi njira yawo. Mumtambo wa mabingu, mphepo yamphamvu yokwera imagwira kachidutswa koundana kuti kasagwe, madzi n'kumaundana pamwamba pake mobwerezabwereza mpaka mphepoyo italephera kukanyamula. Mukadzatola lalikulu, liduleni pakati, muona mizere yozungulira ngati ya m'thunthu la mtengo.

Pomaliza, tsukani botolo, muyambirenso koma osaika utsi. Madontho kunsi kwa mbale apangikabe, chifukwa mbaleyo ikuwapatsa pokakamira, koma chifunga chikhala chochepa. Kuti kusiyanako kuoneke bwino, ikani pepala lakuda kuseri kwa botolo ndipo muunike ndi tochi cha m'mbali.