Momwe mungapezere mafilimu a Dalton Trumbo omwe alibe dzina lake

Mukafuna kutsata ntchito ya Dalton Trumbo, mlembi wa mafilimu wa ku America, musamangodalira mayina amene amaoneka filimu ikamayamba. Yambani mwaona chaka. Mu 1947 Trumbo ndi anzake 9 anakana kuyankha mafunso a komiti ya nyumba ya malamulo ku America yomwe inkasaka anthu achikomyunizimu. Makampani akuluakulu a ku Hollywood anagwirizana zosawalembanso ntchito, ndipo mu 1950 iye anakaseweza kundende ya ku Ashland, ku Kentucky. Mpaka 1960 ankalemba mobisa, choncho zaka zimenezi ndiye zofunika kuziyang'anitsitsa.

Kenako fufuzani dzina lomwe lalembedwalo. Nthawi zina ndi mlembi weniweni amene anangomubwereka dzina, monga Millard Kaufman pa Gun Crazy ya 1950. Roman Holiday ya 1953 inatuluka m'dzina la mnzake Ian McLellan Hunter, ndipo mphoto ya Oscar inapita kwa Hunter yemweyo. Pa The Brave One ya 1956 analembapo Robert Rich, dzina longobisalira. Filimuyo itapambana Oscar, palibe Robert Rich amene anaimirira kukalandira. Ine zimenezi zimandiwawa, chifukwa mwini ntchito analipo, wamoyo, akulembabe usiku ndi usana pamtengo wozizira kuti adyetse banja.

Onaninso kampani. Mukaona King Brothers, tcherani khutu: Gun Crazy ndi The Brave One zonse ndi zawo, ndipo ankapeza mlembi wapamwamba motchipa poti analibe kolowera.

Samalani ndi kope lomwe mukuonera. Makope atsopano a Roman Holiday anaikamo dzina la Trumbo, moti mungaganize kuti linalimo kuyambira kale. Ayi. Oscar ya filimuyi inaperekedwa kwa mkazi wake Cleo mu 1993, mwiniwake atamwalira kale mu 1976. Ya The Brave One anailandira yekha mu 1975.

Mukafika 1960 kusaka kwatha, chifukwa Exodus ya Otto Preminger ndi Spartacus ya Kirk Douglas zinatuluka ndi dzina lake lenileni. Spartacus muionere mofatsa, makamaka pomwe akapolo ogwidwa akuuzidwa kuti aloze mtsogoleri wawo kuti apulumuke, koma aliyense akuimirira n'kumati mtsogoleriyo ndi iyeyo. Mukatero bwererani ku Gun Crazy, muyerekeze kalankhulidwe ka anthu a m'mafilimu awiriwa.