Masamu a zaka ndi reshiyo: yambani ndi kusiyana kwa zaka

Aphunzitsi ndi makolo anzanga a m'chigwa cha Shire muno, ndikamayendera masukulu kuyambira ku Nchalo, kudutsa pa Ngabu mpaka ku Bangula, ndimapeza funso limodzi la masamu limene limagwetsa ana ambiri a Sitandade 8, ngakhale aja oloweza matebulo. Ndi funso la zaka za anthu awiri zoperekedwa mwa reshiyo, kutanthauza kuyerekeza zinthu ziwiri m'magawo, monga 2:1. Mwana akangoona timadontho tiwiri tija pakati pa manambala, mutu umaima. Zimandiwawa, chifukwa mwana yemweyo mutamuuza kuti agawe nsomba, mwini bwato atenge milu iwiri, wopalasa mulu umodzi, sangaphonye.

Musathamangire kulemba x pabolodi. Tulukani nawo anawo, makamaka kukamatentha m'Okutobala muja, mukakhale pansi pa mtengo wa nimu, ndipo atole nthanga za masau kapena timiyala. Funso likhale ili: zaka za mayi ndi mwana wawo zili pa reshiyo ya 3:1, ndipo zikaphatikizidwa ndi 48. Jambulani pamchenga mabokosi atatu a mayi ndi limodzi la mwana. Onse ndi 4. Agawe nthanga 48 mofanana, bokosi lililonse lilandira 12. Mayi ali ndi zaka 36, mwana 12. Muwafunse mobwerezabwereza kuti, “Kodi 3 uja ndi chiyani?” mpaka aliyense ayankhe yekha kuti ndi magawo, si zaka. Mwana akasokoneza apa, zonse zotsatira zasokonekera.

Pagona nkhani ndi pamene funso likulozera kutsogolo kapena kumbuyo. Reshiyo imasintha chaka ndi chaka, koma kusiyana kwa zaka sikusintha. Mayi aja anabereka ali ndi zaka 24, ndipo adzakhala oposa mwana wawo ndi zaka 24 moyo wawo wonse. Ndiye mukafunsa kuti papita zaka zingati kuti reshiyo idzakhale 2:1, yankho lili pomwepo. Pa 2:1 mayi akuposa mwana ndi gawo limodzi, gawo limenelo ndi 24. Mwana adzakhala ndi zaka 24, mayi 48. Lero mwana ali ndi 12, choncho papita zaka 12. Tsiku lina mtsikana wina amene sankalankhula m'kalasi atamvetsa zimenezi anadzuka yekha, nakawonjezera nthanga mbali zonse ziwiri, imodzi uku imodzi uku, akuwerenga mokweza mpaka mulu wa mayi unakhala kawiri wa mwana. Njira yake inali yaitali, koma ganizo lake linali lolondola, ndipo sindinamudule.

Tsopano lovutirapo, longa amene amabwera pa mayeso. Agogo ndi mdzukulu wawo ali pa reshiyo ya 7:2. Pakatha zaka 5 idzakhala 3:1. Pezani zaka zawo. Ana ambiri amawonjezera 5 pa magawo n'kupeza 12:7, ena amakuza agogo okha ngati mdzukuluyo sakukula. Muwaletse zonsezi. M'malo mwake aone kusiyana: pa 7:2 ndi magawo 5, pa 3:1 ndi magawo 2. Popeza kusiyana kwa zaka ndi komweko, tifananitse. Chulukitsani reshiyo yoyamba ndi 2, ikhala 14:4. Yachiwiri ndi 5, ikhala 15:5. Zonse tsopano zikusiyana ndi magawo 10. Onani bwino: agogo achoka pa 14 kufika pa 15, mdzukulu pa 4 kufika pa 5. Aliyense wakwera gawo limodzi m'zaka 5, ndiye gawo limodzi ndi zaka 5. Agogo ali ndi magawo 14, ndiye zaka 70, mdzukulu magawo 4, ndiye zaka 20. Ana a ku sekondale mungawaonetse kuti 7x + 5 = 3(2x + 5) ikutulutsa x = 10, choncho agogo (7x) ali ndi zaka 70, mdzukulu (2x) 20, yankho lomwelo, koma muchite zimenezi nthanga zija zitagwira kale ntchito yake.

Kumbukiraninso kuti pepala la masamu la MANEB limabwera m'Chingerezi, pamene kunyumba ana athu amalankhula Chimang'anja kapena Chisena. Nthawi zambiri chowagwetsa ndi kamawu kamodzi. Asanagwire nambala iliyonse, mwana alifotokoze funsolo m'chilankhulo chake: kodi tikubwerera m'mbuyo kapena tikupita kutsogolo? Kumbuyo tichotsera onse awiri, kutsogolo tiwonjezera onse awiri.

Akapeza yankho asatseke kope. Alibwezere m'funso: 70 ndi 5 ndi 75, 20 ndi 5 ndi 25, ndipo 75 ndi katatu ka 25. Aonenso ngati zikumveka. Akapeza mayi wa zaka 15 ali ndi mwana wa zaka 12, abwerere pa mabokosi aja.

Makolo, inunso mungathandize madzulo mukamapuma pakhonde. Auzeni ana zaka zanu, alembe reshiyo ya zaka zanu ndi zawo lero, kenako ya zaka 4 zikubwerazi, ndipo akuuzeni nambala imene sinasinthe. Kopelo apite nalo kwa aphunzitsi m'mawa mwake kuti akalione.