Mmene mungapekere chitsulo chamatsenga chobweza nthawi

Ngati mukulemba nthano kapena gemu ndipo mukufuna chitsulo chowala ngati galasi chomwe chimabweza nthawi m'mbuyo, musangochigwetsa kuchokera kumwamba ayi, yambani ndi zenizeni. Kamwala ka quartz kali mu wotchi ya batire ija kamanjenjemera ka 32,768 pa sekondi ndipo wotchiyo imawerengera pamenepo, ndiye chitsulo chanucho chikhale chosakaniza mwala ngati umenewo ndi mkuwa, azichisungunula m'ng'anjo mwezi ukakhala wathunthu basi.

Kenako chikhale ndi chizimba chowawa, olo munthu abweze ola limodzi lokha imvi zimere, aiwalenso dzina la amayi ake. Chisamapezeke paliponse, mgodi umodzi wakwana, ine zija zoti aliyense ali nacho m'thumba zimandibowa heve.