Kufufuza mbiri ya katswiri wa zisudzo wa ku Czech: poyambira ndi pamene ambiri amapunthwa

Musanatsegule tsamba lililonse, lembani dzina lonse la munthuyo ndi zaka zake zobadwa ndi kumwalira. Titenge Rudolf Hrušínský, yemwe anabadwa pa 17 Okutobala 1920 n'kumwalira pa 13 Epulo 1994. Bambo ake anali Rudolf Hrušínský, mwana wake wobadwa mu 1946 ndi Rudolf Hrušínský, mdzukulu wake wobadwa mu 1970 nayenso dzina ndi lomwelo, ndipo onsewa ndi azisudzo. Mukapanda kusamala, mudzapatsa agogo filimu ya mdzukulu. Onani tizilembo totsatira dzina: st. ndiye wamkulu, ml. wamng'ono, nejml. wamng'ono kwambiri. Komabe tizilemboti timasintha malinga ndi nthawi imene nkhani inalembedwa, choncho chaka ndicho chodalirika.

Mayina a Chicheki amasintha mathero m'chiganizo. Mukaona Rudolfa Hrušínského kapena Hrušínskému, ndi munthu yemweyo. Fufuzani mitundu yonseyi, ndipo musasiye tizizindikiro ta pamwamba pa zilembo.

Yambani ndi zisudzo za pasiteji, mafilimu abwere pambuyo. Ku Czech wazisudzo amalembedwa ntchito yokhazikika m'gulu la nyumba imodzi ya zisudzo, chimene amachitcha angažmá, ndipo mndandanda wa nyumba zimenezi ndiwo msana wa mbiri yake. Hrušínský anali ku Městská divadla pražská m'zaka za m'ma 1950, kenako mu 1960 analowa Národní divadlo, nyumba ya zisudzo ya dziko lonse ku Prague. Nyumbayi ili ndi nkhokwe ya pa intaneti yosonyeza sewero lililonse, wolitsogolera ndi gawo la munthu aliyense. Kopani zinthu zinayi pa sewero lililonse: dzina lake, gawo limene anasewera, premiéra (tsiku loyamba kuonetsedwa) ndi derniéra (tsiku lomaliza). Masiku awiriwa amakuuzani kuti seweroli linakhala nthawi yaitali bwanji. Mukaona j. h. pafupi ndi dzina, ndiye kuti anasewera ngati mlendo chabe, musamulembe ngati wa m'gululo.

Za mafilimu, tsamba la ČSFD, nkhokwe ya pa intaneti ya mafilimu ya ku Czech ndi Slovakia, ndi lofulumira, koma zaka muzitsimikizire pa Filmový přehled, tsamba la Národní filmový archiv, malo osungira mafilimu a dzikolo. Filimu iliyonse ipatseni madanga awiri, chaka chojambulidwa ndi chaka choonetsedwa. Nthawi zina kusiyana kumakhala kochepa: Dobrý voják Švejk ya Karel Steklý inajambulidwa mu 1956 n'kutuluka mu 1957. Koma Skřivánci na niti ya Jiří Menzel inajambulidwa mu 1969, boma linaitsekera, ndipo anthu anadzaionera mu 1990, chaka chimene inapata mphoto ya Golden Bear ku Berlin. Wolemba chaka chimodzi chokha amaika Hrušínský, yemwe anasewera m'filimuyi ali ndi zaka pafupifupi 49, m'ntchito za ukalamba wake.

Mukamaliza mndandanda, yang'anani pamene pali mpata. Apa m'pofunika kudekha kwambiri, chifukwa mpata sutanthauza kuti munthu anadwala kapena luso linatha. Mu 1968 Hrušínský anasaina chikalata cha Dva tisíce slov chofuna kusintha kwa ndale. Mu Ogasiti chaka chomwecho asilikali a mayiko a pangano la Warsaw, mgwirizano wa Soviet Union ndi mayiko anzake, analowa m'dzikomo, ndipo m'zaka zotsatira boma linamutsekera Hrušínský mwayi wa mafilimu ndi wailesi yakanema. Mpata uliwonse wa pakati pa 1969 ndi 1989 uyerekezeni ndi zochitika zandale, kenako bwererani ku nkhokwe ya pasiteji muone ngati kumeneko ankasewerabe. Musaiwale masewero a pa wailesi ndi ntchito yoika mawu a Chicheki m'mafilimu akunja, chifukwa ambiri ankadyera zimenezo.

Dzina la dziko nalo limasokoneza. Kufikira kumapeto kwa 1992 kunali Czechoslovakia, ndipo Czech Republic inayamba pa 1 Januwale 1993. Pamene Hrušínský anasankhidwa kukhala phungu mu 1990, inali nyumba ya malamulo ya Czechoslovakia, ndipo muilembe choncho.

Musalembe za luso lake musanamuonere. Sankhani magawo awiri otalikirana: Karel Kopfrkingl, wotentha mitembo wolankhula mofatsa koma moopsa mu Spalovač mrtvol ya Juraj Herz, ndi dokotala wa kumudzi mu Vesničko má středisková ya 1985. Onerani kawiri, kachiwiri mutazimitsa mawu omasulira a pansi, kuti mumvetsere liwu lake lokha ndi pamene akupumira.