Momwe mungazindikirire mizinga yogwetsera ndege pa chithunzi cha sitima yankhondo

Sitima ya Russia ya Moskva itamira mu Epulo 2022, zithunzi zake zinali ponseponse pa Facebook. Ambiri ankaloza mapaipi akuluakulu 16 opendekeka m'mbali mwake n'kumati ndiyo mizinga yogwetsera ndege. Ayi ndithu, imeneyo inali yophulitsira sitima zina. Yogwetsera ndege, ya S-300F, inali yobisika chakumbuyo, pansi pa zivindikiro 8 zozungulira, chilichonse chosunga mizinga 8.

Choncho musayambe ndi mzinga. Yambani ndi sitimayo: nambala yolembedwa pathupi pake, mbendera, ndi chaka chimene chithunzicho chinajambulidwa. Chaka n'chofunika chifukwa sitima imasinthidwa zida ikamakalamba.

Kenako onani choponyera. Sitima zakale zili ndi mkono umene umatembenuka n'kuloza kumwamba. Mkono umodzi kutsogolo kwa sitima ya America ya mtundu wa Oliver Hazard Perry ndi Mk 13, yoponya mzinga wa SM-1. Mikono iwiri pa sitima ya Britain ya Type 42, ngati zija zinamenya nkhondo ya ku Falklands mu 1982, ndi choponyera mizinga ya Sea Dart. Mzinga wa buluu pa mkono wa sitima ya America ndi wophunzirira, suphulika.

Mukaona bokosi, werengani mabowo. Mabowo 8, anayi mbali iyi anayi mbali inayo, ndi Mk 29 yoponya mizinga ya Sea Sparrow. Mabowo ang'onoang'ono 21 othithikana ngati chisa cha njuchi ndi choponyera mizinga ya RAM. Akakhala 11 ndipo pamwamba pali chipewa choyera chotalika, imeneyo ndi SeaRAM.

Pavuta ndi pa sitima zamakono. Palibe chotembenuka, mungoona zivindikiro zafulati zondandalikana pansi, zotseka mabowo osungira mizinga. Mk 41 ya America imabwera m'magulu a zivindikiro 8, mizere iwiri ya zinayizinayi, ndipo pakati pake pali chivindikiro chachitali chotulutsira utsi. Sylver ya pa sitima ya Type 45 ya Britain, yoponya mizinga ya Aster, imafanana nayo kwambiri. Apa kwezani maso muone radar: Type 45 ili ndi mpira pansonga pa nsanja yayitali, pomwe sitima ya Arleigh Burke ya America, yokhala ndi Mk 41, ili ndi mbale zinayi zafulati zomatidwa pakhoma. Abale athu okhala ku Cape Town angayese luso limeneli pa zithunzi za sitima ya South Africa ya SAS Amatola ya ku Simon's Town, imene ili ndi mizinga ya Umkhonto yopangidwa ndi kampani ya Denel kutsogolo kwa chipinda chowongolera.

Chimene chimandiwawa n'kuona munthu akulemba motsimikiza zimene zili pansi pa chivindikiro chotseka. Bowo limodzi la Mk 41 likhoza kusunga mzinga wa SM-2, kapena mizinga inayi ya ESSM, kapena mzinga wa Tomahawk umene sugwetsa ndege n'komwe, mwinanso mulibe kanthu. Lembani kuti "Mk 41, mabowo 32", ndipo dzina la mzinga mulitchule pokhapokha ukuoneka ukutuluka.