Momwe mungachotsere kapena kusumira risiva amene anaikidwa ndi khoti

Anthu akamalimbirana kampani, nyumba ya lendi kapena chuma china, nthawi zina khoti limachichotsa m'manja mwa onse n'kuchipereka kwa munthu wapadera kuti achisunge mpaka mlandu utatha. Munthuyu ndiye risiva. Amatolera lendi, amalipira ngongole, ndipo khoti likamulola amagulitsanso katundu. Malipiro ake nthawi zambiri amachokera m'chuma chomwe mukulimbiranacho, n'chifukwa chake zimawawa kumuona akuchita mphwayi.

Musanachite chilichonse, dziwani kuti risiva ndi wantchito wa khoti. Inu simunamulembe ntchito, mnzanu wotsutsana nayeyo sanamulembenso. Mukasintha maloko kapena kuuza ochita lendi kuti asiye kumulipira, mwaputa khoti lenilenilo, ndipo mlandu wonyoza khoti ukhoza kukugwerani.

Yambani ndi chikalata cha lamulo limene linamuika. Chiwerengeni mzere ndi mzere muli limodzi ndi loya wanu. Kodi analoledwa kugulitsa, kapena kusunga kokha? Anauzidwa kupereka lipoti la ndalama liti? Anapereka chikole? Kulakwa kwake kuyezedwa ndi chikalata chimenechi.

Kenako sonkhanitsani umboni, ndipo apa ndi pamene ndikukupemphani kuti mudekhe. Woweruza sachotsa munthu amene anamusankha yekha chifukwa choti inu mwakwiya. Akufuna aone zogwirika. Tiyerekeze kuti nyumbayo ili ndi zipinda 12, zonse muli anthu, koma lipoti likuonetsa lendi ya zipinda 7 zokha. Pemphani malisiti kwa ochita lendi asanu otsalawo. Kapena lipoti likuti denga linakonzedwa, inu mukapita mukupeza mabeseni ali ndandanda pansi kulandira madzi odontha. Jambulani, lembani tsiku. Mulembereni risivayo kalata yomufunsa mafunso olunjika, kope lake musunge. Akayankha zosamveka, kapena akangokhala chete, umenewonso ndi umboni.

Zifukwa zimene makhoti amazimva ndi monga kusowetsa ndalama, kusapereka malipoti, kupyola malire a mphamvu zake, ndi kukondera, makamaka ngati ali pa ubale kapena pa malonda ndi mbali inayo koma anabisa. Kugulitsa katundu kwa m'bale wake pa mtengo wozizira ndi mlandu waukulu. Koma ngati mukungosiyana naye maganizo pa kayendetsedwe ka bizinesi, pempho lanu silipita patali, ndipo mukhoza kulipitsidwa ndalama zimene ena awononga poliyankha.

Umboni ukakwana, loya wanu akapereke pempho ku khoti lomwelo, pa nambala ya mlandu yomweyo, pamodzi ndi chikalata cholumbira. Risivayo ndi onse okhudzidwa alandire makope. Musapemphe kumuchotsa kokha. Tchulani munthu wina woyenera kulowa m'malo mwake, chifukwa woweruza safuna kusiya chuma chopanda wochiyang'anira. Pemphaninso kuti mabuku afufuzidwe, malipiro ake adulidwe, ndipo abweze zimene zasowa. Ngati vuto limene linachititsa kuti aikidwe linatha, pemphani kuti ntchito yonseyo ithetsedwe.

Kumusumira n'kovuta kuposa pamenepa. M'maiko ambiri otsatira malamulo ochokera ku England, muyenera kuyamba mwapempha chilolezo ku khoti limene linamuika. Ku America mfundoyi imadziwika ndi mlandu wa Barton v. Barbour wa mu 1881. Mayi wina anavulala pa sitima ya pamtunda ya kampani imene inali m'manja mwa risiva, n'kukasuma ku khoti lina. Khoti lalikulu la dzikolo linati mlandu wake sungamvedwe popanda chilolezo cha khoti loika risivayo. Pambuyo pake malamulo a kumeneko analola kusuma popanda chilolezo pa zimene risiva wachita poyendetsa bizinesi, choncho funsani loya wanu mmene malamulo a dziko lanu alili. Popempha chilolezocho muyenera kuonetsa kuti mlandu wanu uli ndi maziko. Zimene risiva anachita pomvera lamulo la woweruza kawirikawiri sizimugwira. Chimamugwira ndi chinyengo kapena kuchita zimene sanatumidwe, ndipo ngati anapereka chikole, ndi chimene chingakubwezereni zotayika.

Chenjerani ndi nthawi. Ntchito ikamatha, risiva amapereka lipoti lomaliza n'kupempha khoti kuti limumasule. Khoti likavomereza lipotilo inu osatsutsa, kumutsatira pambuyo pake kumavuta kwambiri, mwinanso kumakanikiratu. Mukangolandira chidziwitso cha pempholo, onani tsiku lomaliza loyankhira, ndipo zotsutsa zanu zikafike ku khoti zolembedwa tsikulo lisanakwane.