Draivi ikazima yokha, yambani mwawerenga zimene yalemba

Eni zigayo, mapampu a madzi ndi makina ochekera matabwa kuno ku Mzuzu, ena mwa inu mukuyendetsa mota kudzera pa VFD, kabokosi kowongolera liwiro la mota kaja timangoti draivi kapena invata. Chizolowezi chimene chikupha zipangizozi n'chothamangira kudina Reset draivi ikangozima. Siizima popanda chifukwa, ndipo chifukwacho imachilemba pagalasi pake. Lembani zilembozo m'kope musanakhudze batani lililonse.

Zilembo zimasiyana malinga ndi kampani, choncho kabuku ka draivi kasamatalikire. Zambiri n'zofanana ndithu. OC kapena OL ndiye kuti mota yakoka magetsi opyola muyeso. Apa musafulumire kuimba draivi mlandu. Onani kaye ngati chigayo chatsamwa, lamba wathina kwambiri kapena beringi yauma. Zikamachitika poyatsa pokha, wonjezerani masekondi onyamukira kuti mota iziyamba pang'onopang'ono. Onetsetsaninso kuti manambala olembedwa pa mota, monga ma amp ndi 50Hz, ndi omwewo amene analowetsedwa mu draivi.

OV, kutanthauza mavoti opyola muyeso, imabwera kawirikawiri poimitsa makina olemera mwadzidzidzi, pakuti mota imabwezera magetsi mu draivi. Talikitsani nthawi yoimira. UV ndi magetsi ochepa. Yesani mafeizi onse atatu, azikhala cha m'ma 400V, ndipo imodzi ikasowa musakakamire.

Ambiri amadabwa ndi OH, chizindikiro cha kutentha kwambiri, ati Mzuzu n'kozizira, draivi ingatenthe bwanji? Ufa ndi utuchi zimatseka fani, mpweya osadutsa. Choipa kwambiri, fumbilo likakumana ndi chinyezi cha kunoko limamatirira pabolodi n'kuyamba kudutsa magetsi. Pemererani ndi mpweya wouma, madzi ayi.

Musanatsegule, zimitsani magetsi n'kudikira mphindi zosachepera 10. Makapasita a m'kati amasunga mavoti oposa 500 ngakhale galasi litazima, ndiye yesani ndi mita musanapisemo dzanja. Ntchito imeneyi isiyireni wamagetsi wa chiphaso. Naye akafuna kuyesa mota ndi megger, mita yoonera ngati zokutira mawaya sizikudutsa magetsi, ayambe wamasula mawaya ake ku draivi, apo ayi aiwotcha draiviyo.

Amene muli ndi servo, mota yoima ndendende pomwe yauzidwa, vuto lofala limakhala pa enkoda, kachipangizo kouza draivi pomwe mota yafika pozungulira. Makina akamanjenjemera kapena kuphonya pomwe ayenera kuima, onani pulagi yake ngati yakhwepa, ndipo waya wa enkoda usayende mumpaipi umodzi ndi mawaya a mota.